Wazithunzi Amene Anagona mu Udzu

Tsiku limene anatuluka m'chipatala, Wazithunzi anali ndi ndodo ziwiri ndi mwendo wosapindika. Zaka khumi ndi zinayi anakhala akujambula maukwati, kuthamanga kutsogolo kwa akwati, kukwera pamipando, kukuwa kuti, "Mwetulirani!" Ngozi ya basi inathetsa zonsezo. Amene ankamuimbira foni anapeza ena a miyendo yabwino.

Achemwali ake anamupatsa kachipinda koyang'ana kuseri kwa nyumba, komwe kunali mpopi wodontha, chingwe choyanikapo zovala ndi mulu wa malata akale. Miyezi itatu anangokhala duu pazenera, kamera ili pansi pa bedi.

M'mawa wina pumbwa anatera pampopi paja n'kuyamba kumwa madontho. Zala za Wazithunzi zinayabwa. Anatulutsa kamera, ndipo kuyambira tsikulo ankajambula mbalame iliyonse yobwera kudzamwa. Atamva kuti ofesi ina ikukonza buku la mbalame la ana asukulu, anasankha zithunzi makumi awiri n'kupita nazo.

Mayi wosankha zithunzi sanazungulire.

"Bambo, mbalame yake ili kuti? Ndikuona malata, ndikuona thaulo la munthu pachingwe. Zonse zili ngwee mofanana. Diso langa lipite pati?"

Mawuwo anamulasa, koma anali oona. Paukwati aliyense amafuna kuoneka, ngakhale azakhali oima kumbuyo kwenikweni. Mbalame imafunika kuoneka yokha.

Atafika kunyumba anaika sopo pampopi, kuyesa kuti ndi mbalame. Anatsegula kabowo kolowetsa kuwala m'kamera mpaka pamapeto. Pachithunzi malata aja anafewa pang'ono koma ankadziwikabe. Anasuntha sopoyo, kujambula, kusunthanso, mpaka anachigwira chinsinsi: mbalame ikhale kutali ndi zakumbuyo, iyeyo ayandikire, apo m'pamene zakumbuyozo zimasungunuka.

Ndiye anaika mbale ya madzi pakati pa bwalo. Kugwada sakanatha, choncho anagona chafufumimba mu udzu.

"Alamu, mwayamba kudya msipu?" anafunsa amuna a achemwali ake akupita kuntchito.

"Ndikudikira makasitomala," anayankha. "Awawa sachedwa ngati akwati."

Pansi pomwepo anapeza chimene sakanachiona ataimirira. Udzu wapafupi ndi galasi la kamera unkasanduka utsi wobiriwira m'munsi mwa chithunzi, wokoma m'maso. Koma ukachuluka unkaphimba miyendo ya mbalame, tsiku lina mpaka mlomo. Anaphunzira kusuntha pang'ono chabe, ngati kukula kwa chala. Anaphunziranso kuti kabowo akakatsegula kwambiri, diso limaoneka bwino koma mchira umazilala, ndiye ankakabweza pang'ono.

Nyerere zinamuluma. Zigongono zinatupa. Panali masabata amene anafufuta zithunzi zonse. Podzuka pansipo ankachita kukwawa kukagwira mpopi. Achemwali ake anamuchonderera kuti apumeko.

"Ndinapuma miyezi itatu, achemwali. Zinakwana."

Patatha miyezi isanu ndi iwiri anabwerera ku ofesi kuja. Mayi uja anatenga chithunzi cha mpheta ikukutumula madzi, diso lili ngwee, kumbuyo kuli mbuu kobiriwira. Anachiyang'ana nthawi yaitali.

"Munakajambula kunkhalango iti?"

"Kuseri kwa nyumba ya achemwali anga, mayi."

Mayiyo anasankha zithunzi zisanu ndi zinayi, n'kumupatsa mayina a mbalame zina zoti akazisake. Lero ana asukulu akuphunzira mbalame poona ntchito ya manja ake, ndipo Loweruka lililonse ojambula anzake amabwera kuti awaphunzitse. Onse amawagoneka mu udzu.

Inu amene mukuwerenga, mwina ntchito imene munkaidalira yakutherani. Mwina wina wakuuzani pamaso kuti zimene mwapanga sizinakome. Mverani chimene chili choona m'mawu akewo, mukakonze, mubwererenso. Zipweteka, zitenga nthawi, koma dzukani mawa muyesenso. Osataya mtima.