Matepi a Malume Anagawidwa Ngati Malaya

Malume anga ankajambula mafilimu, koma ku Mufakose kuno anthu ankangoti ndi masewera. Mkati mwa sabata ankasoka matumba pa fakitale ina ku Graniteside, Loweruka n'kunyamula kamera yawo yakale ija, kumazungulira m'makomo. Filimu imene anaikapo mtima inali ya akuluakulu amene anachoka ku Chipata ndi ku Tete ali anyamata n'kudzakalambira kuno. Ankawakhazika pakhonde n'kuwafunsa za kwawo.

Mmodzi mwa akuluakuluwo anali bambo anga, munthu woti za kumudzi sankazitchula pakhomo ngakhale pang'ono. Tsiku lowajambula ine ndinali kumsika. Amayi anandiuza kuti bambo anayankhula mpaka dzuwa kupendeka, ndipo anaimba ndi nyimbo yomwe. Bambo anga kuimba! Chaka chomwecho tinawaika m'manda.

Ndinkawavutitsa malume kuti andionetse tepiyo. Iwo ankafuna ayambe alumikiza matepi onse kuti ikhale filimu imodzi. "Kuona maso a nkhono n'kudekha," ankatero akuseka. Ndinadekha mpaka iwonso anamwalira, filimu isanathe.

Kwathu maliro akatha katundu wa malemu amayalidwa pabwalo, wachibale aliyense n'kulandirako kanthu kokumbukira. Wogawa anali mkulu wa banja, amene anachita kubwera kuchokera ku Chipata. Malaya ndi nsapato zitatha, anthu anali akadalipo, ndiye anakoka katoni ya matepi n'kuyamba kupereka imodziimodzi. Matepiwo analibe chizindikiro chilichonse, ankawadziwa ndi mwini wake yekha.

Ndinagwada n'kunena kuti, "Bambo, matepiwa ndi chinthu chimodzi, chonde musawamwaze."

"Ndiye ukufuna zonse zikhale zako, anzako apite chimanjamanja?" anandifunsa.

Anthu anang'ung'udza. Ine anali atandipatsa kale jekete, tepi sindinalandire. Mpaka lero mtima umandiwawa, chifukwa mkuluyo sanachite mwankhanza, ankangofuna kuti pasakhale wodandaula.

Ndinafufuza khomo ndi khomo. Matepi ena anali atapita ku Zambia, ina ana anaisolola n'kuimangirira kudimba kuti iziopseza mbalame. Patapita zaka, msuweni wanga wa ku Kuwadzana anandiuza kuti ya bambo inagwera iye, koma anajambulirapo ukwati wa mwana wake. Ndinafuna kumutukwana. M'malo mwake ndinakwera kombi kupita kwawo kukaiona tepiyo.

Tinaonera ukwati wonsewo, kuvina, keke, zolankhula zosatha. Kenako chithunzi chinaphethira, ndipo ndinaona khonde lathu. Bambo anali pampando, chipewa chili pabondo, akupukuta m'maso ndi chikhatho. Zonse zimene ananena zinali zitafufutika, kunangotsala kumapeto kwenikweni.

"Basi alamu, ndathera pamenepa," anatero bambo. "Mwana wanga uja akabwerako kumsika, mumuonetse."