Galasi la Amalume Yotamu

Ndikukumbukira chaka chimene tinachoka ku Zomba, boma likusamutsira likulu ku Lilongwe. Bambo anali kalaliki ku Capital Hill, ndipo boma linatipatsa nyumba ku Area 12: makoma onunkha penti, bwalo la dothi lofiira, lopanda mtengo ndi umodzi womwe. Ndinali ndi zaka khumi.

Posakhalitsa kunabwera amalume Yotamu, mlongo wawo wa amayi, kuchokera ku Lusaka. Anali ndi kamera yaing'ono ya filimu, yolira ngati makina osokera. Sankajambula nkhope za anthu. Ankatenga galasi la amayi lodziyang'anira ndi chidutswa cha lata, n'kumaponya kuwala kwa dzuwa pa diramu ya madzi, pachulu, pa zovala zoyanika, n'kumajambula. Tsiku lina ndinaona kuwalako kukuphethira cha kumaofesi. Kusukulu ankatiuza kuti chachilendo chilichonse tizinena. Ndinakauza bambo.

Bambo anasiya tiyi osamaliza. Iwo a ku Rumphi, mlamu wawo wochokera kunja, galasi likuphethira kuloza maofesi a boma. Masiku amenewo ena ntchito inkawathera pa zochepa kuposa izi. Mlonda wa nyumba yoyandikana nayenso anali atayamba kuchedwa pampanda.

"Alamu, mukutumiza uthenga kwa ndani?" anafunsa bambo.

"Kwa diramu, alamu. Koma sikuyankha."

Bambo sanaseke. Loweruka masana anatchinga mawindo a galaja ndi mabulangete, n'kulamula amalume kuti aonetse pakhoma filimu imene inali itatsukidwa kale. Madzi a m'diramu ankayaka ngati moto. Fumbi linkaoneka ngati mvula yogwa chokwera. Manja a amayi ankafinya chitenje, madontho akugwa ngati mikanda. Ndinkasewera pamenepo tsiku lililonse, koma ndinali ndisanapaonepo.

"Kumeneku ndi kuti?" anatero bambo.

"Kuseri kwanu komwe."

"Ngati ine mwini nyumba sindikukuzindikira, wodzandifunsa mafunso ndidzamuuza kuti chiyani?"

Filimuyo bambo anaitentha kudzala. Inanunkha mpaka madzulo. Lolemba amalume anakakwera basi ku Old Town, ndipo kwathu sanadzapondenso. Bambo anagwira ntchito yawo mpaka kupuma.

Lero ana amajambula Capital Hill ndi foni ali m'minibasi, popanda wotembenuka. Ine ndakalambira mu nyuzipepala. Nkhani yanga yoyamba, imene ndinakauza bambo ija, inali yoona, mawu onse. Kungoti ndinaipereka ndisanafunse mwini wake.