Tiyi wa kanyenyezi

Ine ndine woyamba kubadwa, ndipo ndine ndinatsala pamudzi ku Kaphuka. Mng'ono wanga anakwatiwa ndi mwamuna wachisilamu, mwini golosale ku Dedza boma, nakakhala komweko. Amayi atayamba kuvutika maso mpaka osaonanso, wowasambitsa ndinali ine, wowachapira ine, wowagwira dzanja popita kutchalitchi Lamulungu inenso. Mayi ndi mayi, ntchitoyo sindinkaiwerengera. Chimene ndinkachifuna chinali chimodzi chokha, kuti tsiku lina anditamandeko ndi pakamwa pawo. Koma zikomo wa amayi anali wosowa ngati shuga wa mu Febuluwale.

Mng'ono wangayo ankabwera kamodzi pamwezi pa njinga yamoto, mpango woyera kumutu, mapazi opanda ndi mng'alu umodzi womwe. Akapereka moni ankamasula mfundo ya chitenje n'kutulutsa kanthu kouma, kofiirira, kooneka ngati nyenyezi ya nsonga zisanu ndi zitatu. M'nsonga iliyonse munali kambewu kosalala, konyezimira. Iye ankangokatchula kuti kanyenyezi. Ankati ndi chipatso cha mtengo wa ku China, mtengo wosayoyola masamba, wokonda mapiri a nkhungu, ndipo amachithyola chisanapse n'kuchiyanika padzuwa. Apongozi ake ndiwo anamuphunzitsa kuika mu mpunga wa nyama ndi mu tiyi.

Akalowa m'khitchini, ine ndinkapeza chochita kudimba. Ndikaphunzire kuphika tiyi kwa mwana amene ndinamubereka kumsana? Ndikabwerako ndinkapeza fungo lotsekemera litadzaza nyumba, amayi atagwira kapu ndi manja awiri.

"Mwana uyu ali ndi dzanja," ankatero. "Mpweya wonse m'mimbamu watha."

Ndipo ankauza aliyense wodutsa pakhomo, sabata yonse. Nsanje inkandidya, sindibisa. Ine wa masiku makumi atatu palibe wonditchula, iye wa tsiku limodzi ndiye nyimbo.

Ulendo wina anaiwala tinyenyezi tiwiri pawindo. Ndinasokolola timbewu tija n'kukatibzala mobisa kudimba, pafupi ndi kachewere. Ndinkati ngati paini wa m'Phiri la Dedza anachokera kutali n'kuzolowera, mtengo wokonda nkhungu ungakane bwanji kwathu kuno? Ndinkadziona ndili ndi mtengo wangawanga, mng'ono wanga akubwera kudzapempha. Ndinathirira miyezi iwiri. Kunamera chisoso chokhachokha. Mbewu youmitsidwa kuti ikagulitsidwe m'sitolo imakhala itafa kale, koma izi ndinazidziwa mochedwa.

Kenako nditapita kukagulitsa kabichi ku Linthipe, ndinatipeza tinyenyezi tija m'botolo, m'sitolo ya bambo wina wachikulire wovala chisoti choyera. Kwa alamu anga sindikanagula, nkhani ikanafika kumudzi ine ndisanafike.

"Mayi, izi muzigula kwa odziwa," anatero bamboyo akukulunga. "Kuli mtundu wina wofanana nazo ndendende, koma ndi poizoni. Nanga kaphikidwe kake mukukadziwa?"

"Ndakalamba ndikuphika, bambo," ndinayankha.

Kwathu chinthu cholimba chothira m'chakudya timachisinja. Mtedza timasinja, nthanga za maungu timasinja. Ndiye ndinakhuthulira tinyenyezi tonse mumtondo, n'kusinja, n'kusefa bwinobwino ngati nsinjiro. Ndinathira masupuni atatu odzaza mu ketulo. Mumtima ndinkati mng'ono wanga amaika mowumira, ine ndiwaonetsa amayi kuti tiyi weniweni ndi uti.

Amayi anangomwa kamodzi n'kulavulira pansi.

"Iwe! Ukufuna kundipha? Mankhwala a ng'ombe awa?"

Ndinalawa. Lilime linachita dzanzi, kukhosi kuwawa. Nkhaniyo anaiuzanso aliyense wodutsa, mpaka amayi a kumphakati ankandifunsa akuseka ngati ng'ombe yachira. Ndinalira kuseri kwa nkhokwe, mayi wa ana anayi ine.

Msika wotsatira ndinabwerera kusitolo kuja nditagwetsa nkhope. Ndinapeza akazi awo a bambo aja. Nditafotokoza anaseka mpaka kupukuta misozi ndi mpango.

"Achemwali, sitisinja ayi! Kamodzi kokha, kathunthu, mu ketulo yonse. Kakatulutsa fungo mukavuule, kenako muthire mkaka. Safunsa anadya phula."

Unali mwezi wa Juni, m'mawa wa chisanu chija choti zala zimakana kugwira khasu. Ndinaponya kanyenyezi kamodzi mwa tomwe ndinagulanso m'madzi owira, n'kudikira, n'kukavuula monga anandiuzira. Fungo linali lomwe lija. Ndinanyamula kapu n'kukagwada pamphasa pomwe amayi ankaothera dzuwa.

Ananunkhiza, nkhope yonse inawala.

"Wafika nthawi yanji, mwana wanga? Njinga yamoto sindinaimve."

Ndinatsegula pakamwa kuti ndinene kuti ndine. Koma anali atamwa kale, akugwedeza mutu mokondwa.

"Eya, uyu ndiye tiyi. Mkulu wako anayesa, anatsala pang'ono kundipititsa kumanda. Uja ngwa khasu basi."

Anafufuza dzanja langa n'kuligwira, n'kumalisisita. Chibadwire sindikumbukira atandisisita choncho.

"Nanga manjawa akhakhala bwanji? Akukugwiritsa ntchito yanji kutauniko? Usamadzizunze, mwana wanga."

Ndikanayankhula akanadziwa mawu, ndipo dzanjalo akanalisiya. Ndinakhala chete mpaka anamaliza kapu yonse. Chitamando chomwe ndinachidikira zaka zonsezo ndinachimva ndi makutu anga, chikupita kwa wina ine ndili chogwada pomwepo. Ndinatenga kapu n'kuchoka monyang'ama ngati wakuba.

Masana anafunsa kuti mwana uja ali kuti. Ndinanama kuti wabwerera msanga, kugolosale kunalibe munthu. Amayi anapukusa mutu mwachisoni, n'kutembenukira komwe kunkachokera mawu anga.

"Waona? Kuchoka kutali konseko kudzangondiphikira tiyi. Iwe uli pompano."