Mwana wa Pagalasi la Saluni

Kusaluni kwathu tinkawatcha aChepetsani, ndipo dzinalo ndinawapatsa ndine, poti pakamwa panga palibe chitseko. Anali mayi woluka tsitsi wa manja opepuka, moti kasitomala ankatha kugona tulo pampando n'kudzuka mutu utatha. Koma zithunzi ankaziopa ngati njoka.

Ntchito yathuyi imayenda ndi zithunzi. Ukaluka umajambula mutuwo n'kuika patsamba la saluni pa intaneti kuti anthu aone luso lako. Enafe tinkangojambula n'kuponya. Iwo ayi. Ankayamba atembenuza mpando kuti kumbuyo kukhale khoma lokhalokha, akajambula n'kuchidula, n'kuchichepetsa mpaka mizere ya tsitsi izioneka mwachimbuuzi, chachikulucho n'kufufuta pompo. Ngakhale zithunzi za mwana wawo, kamtsikana ka zaka zisanu ndi ziwiri komwe kankabwera kusaluni kakaweruka kusukulu, ankazichita chimodzimodzi.

Ine zinkandinyansa. "Asisi, ntchito yokongola chonchi muziibisa? Kasitomala amafuna akulitse ndi zala, aone mzere uliwonse. Kapena n'kuumira bandulo?"

Tsiku lina atatopa nane anandikokera kuseri kwa zoumitsira tsitsi. Anandiuza kuti anathawa amuna awo kutauni ina atawathyola mkono kachiwiri, ndipo bamboyo analumbira kuti mwanayo adzamutenga basi, kaya papite zaka zingati.

"Chithunzi chachikulu n'cholongolola, m'bale wanga," anatero. "Chimaulula chikwangwani cha tsidya la msewu, nambala ya nyumba, zonse. Chaching'ono chimangoonetsa tsitsi."

Chisoni ndinamva, koma mumtima ndinati mantha enawa n'ngowonjeza.

Patapita miyezi ndinaluka kasitomala wina kwa maola asanu ndi limodzi, timizere ting'onoting'ono toti munthu n'kuima pamsewu. Ndinanyada. Ndinajambula ndi foni yanga n'kuika chithunzicho patsamba chathunthu, osadula, osachepetsa, ndipo anthu anachigawana ngati chaulere. Tsiku lachitatu aChepetsani anachiona, n'kukulitsa pakona ndi zala ziwiri. Pagalasi lakumbuyo kwa kasitomalayo panali mwana wawo, atakhala pabenchi akumwetulira, baji ya sukulu pachifuwa ikuwerengeka chilembo chilichonse.

Sanandikalipire. Bola akanandiwomba mbama. Anangoti, "Chotsani." Patsambapo ndinachotsadi, koma madzi akatayika saoleka.

Kuyambira tsikulo mwana ankamuperekeza okha kusukulu, kukamutenganso okha. Galimoto ikaima panja pa saluni, chipeso chinkawagwa m'manja. Nanenso ndinali ndi mantha osaneneka. Mwamuna aliyense wosuzumira pakhomo ndinkamuyang'ana kawiri, pomwe nkhope ya bamboyo sindinkaidziwa n'komwe.

Lachisanu la sabata yotsatira ana anaweruka msanga, ife osadziwa. AChepetsani atafika pageti, mlonda wa pasukulu anawauza kuti mwana watengedwa ndi bambo wina waulemu, wovala jekete, amene ananena kuti ndi bambo ake. AChepetsani anandiimbira foni. Ndinasiya kasitomala mutu uli theka.

Kupolisi anatiuza kuti tibweretse chithunzi chooneka bwino, chosindikiza, choti achitumize kwa anzawo a m'misewu yotuluka m'tauni, komanso tichiike pa intaneti mwamsanga. Tinathamangira kushopu yosindikiza zithunzi, kuseri kwa msika. Mwini shopu anayesa choyamba cha mufoni ya aChepetsani, chachiwiri, mpaka chachisanu. Papepala nkhope inkangotuluka timabokosi timabokosi, moti angakhale mwana wa aliyense.

"Mayi, chachikulu ndingathe kuchichepetsa, koma chaching'ono sindingachibwezere zomwe chinataya," anatero mwini shopuyo. "Palibe china?"

AChepetsani anapukusa mutu. Zaka zonsezo anali atafufuta chilichonse ndi manja awo.

Komatu china chinalipo. Chija ndinangochichotsa patsamba, koma mufoni ndinachisunga ponyadira timizere tanga. Ndinaika foni patebulo osayang'ana munthu. Mwini shopu anadula kasitomala uja n'kusiya pagalasi pokha, makina analira, pepala n'kutuluka. Mwana anaoneka yense: maso, kachipsera ka pachipumi, mpata wa dzino lomwe linachoka mwezi watha.

AChepetsani analigwira pepalalo ndi manja awiri kwa nthawi yaitali. Ndinkadikira kuti mwina tsopano andilavulira malovu. M'malo mwake anandifunsa chapansipansi.

"Nthawi ija anachiona anthu angati?"

"Mwina zikwi zitatu, asisi. Pepani."

"Sakukwana," anatero. "Tumizaninso."

Ndinatumiza. Kenako tinakhala pansi pakhonde la shopuyo, foni ili pakati pathu, kudikira kuti ilire.