Chikhomo Choyenda ndi Miyendo

Nditapuma pantchito yauphunzitsi ndinadzipatsa ntchito ina imene palibe anandituma, yolenga dziko. Mwini kulenga anatsiriza yake m'masiku asanu ndi limodzi. Ine ndinatha zaka zitatu ndi makope anayi, koma dziko langalo linalibe ngakhale mvula yodalirika. Ndinkalemba nditakhala pakhonde la nyumba yathu ya m'mbali mwa nyanja ku Salima, nyumba imene ndinamanga mwaliuma pamalo amene akazi anga ankati ayandikira madzi kwambiri.

Dziko la m'makopemo linali chilumba, ndipo chimene ndinkanyadira nacho koposa ndi anthu ake anzeru. Iwo ankaphunzitsa kuti palibe chinthu chimene chimaima pachokha. Chilichonse chimagwiridwa ndi maso a anthu, monga khoka limagwiridwira ndi manja ambiri. Phiri limene anthu aleka kuliyang'ana limayamba kuphwa. Kumeneko wakuba sankamangidwa. Mudzi wonse unkalamulidwa kumuona ngati munthu wokhulupirika mpaka manja ake atazolowera. Ndinawapatsanso mkangano wosatha: ena ankati maso a munthu mmodzi ndi okwanira, ena ankati chinthu chimakhazikika pokhapokha mudzi wonse utachiona mofanana. Ine mlengi wawo ndinali mbali ya achiwiriwa.

Ndinkadziuza kuti ndi masewera a munthu wokalamba. Koma powerenga Malemba m'mawa, ndikafika pa azondi aja amene anatumidwa kukaona dziko lolonjezedwa, khumi n'kuona zimphona, awiri n'kuona mphesa, ndinkalemba mzere pansi pake. Fuko lonse linazungulira m'chipululu chifukwa cha zimene anthu khumi anaona. Mumtima ndinkati anzeru anga aja sanaphonye kwenikweni.

Chaka chimene nyanja inakwera, madzi anameza bango, kenako mchenga, kenako mathandala oyanikapo usipa. Mnansi wathu, msodzi wachisilamu wamkulu kwa ine, anali ndi chizolowezi chake. Ankakhoma chikhomo pamene madzi alekezera, mawa lake n'kubwera kudzaona. Akachipeza chili m'madzi, ankadziwa kuti nyanja ikukwerabe, ndiye ankachizula n'kukhomanso pamalire atsopano. Amayi opita kotsuka mbale ankayamba aona chikhomocho asanapatsane moni.

Madzi atatsala mapazi ochepa kuti afike pampanda, akazi anga anandikhazika pansi.

"Bambo, tigwirizane lero. Chikhomo chikamira masiku atatu otsatizana, tikusasula nyumbayi, tipite kwa achimwene ku Chitala."

Ndinavomera ndi nkhope ya munthu wofatsa. Chinamira tsiku loyamba. Chinamiranso lachiwiri.

Tsiku lachitatu ndinadzutsidwa ndi mawu oitanira anthu kumzikiti. Ndinadziwa kuti mnansi wanga wapita kokaswali, ndipo safika kugombe asanamalize. Ndinatsika mwakachetechete, n'kupeza chikhomo chili m'madzi mpaka pakati. Ndinachizula, n'kubwerera mapazi atatu kumtunda, n'kuchikhoma ndi mwala pomwe madzi analekezera. Sindinadzione ngati wabodza. Ndinkati ndikuthandiza mudzi kuona bwino, poti mantha a anthu ndiwo akuitana madzi. Onse akaona kuti nyanja yaima, n'kukhulupirira pamodzi, ndani akudziwa?

Ndipo anakhulupiriradi. Amayi a kotsuka mbale anauzana kuti madzi aima. Akazi anga ankasesa pabwalo akuyimba. Pamapemphero a Lachitatu ine, mkulu wa mpingo, ndinaimirira n'kuthokoza Iye amene anaikira nyanja malire, manja anga akadali ndi matuza a mwala wokhomera uja. Kwa masiku asanu ndi anayi, kuitana kwa kumzikiti kunkadzutsa anzanga kukapemphera, ine kunkandidzutsa kukachimwa.

Tsiku lakhumi, ndili chowerama mwala uli m'manja, ndinamva munthu akutsokomola. Mnansi uja anali atakhala pabwato lovundikira, kumbuyo kwanga kwenikweni.

"Mwadzuka bwanji, aphunzitsi?"

"Ndadzuka bwino, achimwene. Ndimati ndichilimbitse, chimagwedera."

"Chimagwedera ndithu," anatero. "Chagwedera kuchokera pamgwalangwa paja mpaka pano. Ine ndakulira panyanja, koma chikhomo choyenda ndi miyendo ndachiona chaka chino. Ndimaopa kuti ndi majini. Wallahi, mtima wakhala pansi poona kuti ndi akuluampingo."

Munthu wanzeru akanapepesa pomwepo. Ine ndinayamba kuphunzitsa. Ndinawafotokozera za chilumba, za phiri lophwa, za wakuba woyang'anidwa mpaka kulungama. Anamvetsera mwaulemu, akuchotsa mchenga pakati pa zala zakumapazi.

"Ndiye kwanuko anthu onse akagwirizana kuti madzi aima, amaima?"

"Amaima."

"Nanga nyanjayi munaiitana kumsonkhanoko?"

Ndinayang'ana pansi. Madzi anali akunyambita akakolo anga.

"Mukawauza nokha mayi," anapitiriza, "kapena ndikawauze ine?"

Akazi anga ndinawapeza akuyanika zovala. Ndinayamba ndi azondi khumi ndi awiri, iwo n'kundiuza kuti ndidumphe ndifike pachikhomo. Nditamaliza anafinyanso malaya amene anali atawafinya kale.

"Buluku lanu lakhala likunyowa kumiyendo masiku onsewa," anatero. "Ine ndimati mwayamba kupemphera kugombe, ndimanyadira kuti ndinakwatiwa ndi munthu wa Mulungu. Hamala ili kuseri kwa chitseko."

Tikanayamba pa tsiku lachitatu lija, tikanasasula zonse pouma, njerwa zomwe. Koma mphepo ya mwera inafika tili padenga. Mnansi ndi anzake a pabwato anatithandiza kutsitsa malata, madzi ali kale pabwalo. Tinapulumutsa malata, zitseko ndi mafelemu awiri a mawindo. Khoma la kuchipinda linagwa tisanachotse windo lake, ndipo njerwa zimene ndinaumbitsa ndi kuotchetsa ndekha zinabwerera kudothi ndikuona. Ndinaziyang'anitsitsa ndi maso anga onse awiri, koma sizinaime. Amayi ena awiri, amene analeka kusamutsa katundu wawo atamva kuti madzi aima, ananyowetsa matumba a mpunga chifukwa cha ine. Ndinapita kukawapepesa, ndipo mmodzi sanandipatse mpando.

Lamulungu lotsiriza tisanachoke ndinaulula pamaso pa mpingo. Usiku wake ndisanagone ndinawerenganso nkhani ya azondi ija, n'kuona chimene ndinkachidumpha zaka zonsezo. Awiri okhulupirika aja nawonso anaziona zimphona. Sanabwerere kudzanena kuti kulibe. Anangodziwa amene ali wamkulu kuposa zimphonazo. Ine ndinkafuna kuthandiza Mulungu pomubisira madzi, ngati kuti akawaona achita mantha.

Tikukweza malata pangolo, mnansi uja anabwera atanyamula chinthu kumbuyo. Anandigwira dzanja, n'kutifunira ulendo wabwino, kenako n'kundipatsa chikhomo chija, chikadali ndi matope kunsonga.

"Tengani, aphunzitsi. Chinakuzolowerani."

Kuno ku Chitala tinamanga kanyumba ka zipinda ziwiri kuseri kwa alamu anga, windo limodzi tinatseka ndi katoni. Makope anayi aja alipo, anapulumuka m'chidebe. Ndawonjezeramo munthu mmodzi, msodzi wa pachilumbapo amene amakhoma chikhomo m'mawa uliwonse, ndipo anzeru onse amadana naye. Chikhomo chenichenicho timamangirirapo mbuzi. Akazi anga analamula kuti pochisuntha ndizikhala ndi mboni.