Tepi ya ku Kamwala

Kampani ya boma itagulitsidwa, amuna anga anachotsedwa ntchito. Anagula TV ndi deki ya matepi kuti chipinda chathu chakutsogolo ku komboni ya Mtendere chikhale choonetseramo mafilimu. Anali mkulu wa mpingo, ndipo ukuluwo ndi umene unkawayendetsa mosawerama pamsewu.

Tepi yoyamba anakaigula kumsika wa ku Kamwala. Pachikuto panali mkazi wa ku Japan atavala zofiira zothina ndi chisoti chonyezimira, akulimbana ndi chilombo cha nyanga. Zilembo zake palibe akanatha kuziwerenga. Wogulitsayo anangoti, "Ni karate iyi, mudala." Amuna anga anaonamo ulaliki, chabwino chikugonjetsa choipa.

Ndinawapempha kuti tiyambe taionera tokha, koma anakana. Kwao chinthu chatsopano sichiyatsidwa chisanapemphereredwe. Atate awo, amene anachokera ku Malawi kudzafuna ntchito, ngakhale wailesi anaisunga m'bokosi mpaka abusa atafika. Nkhutukumve ija inali ya kumtundu.

Loweruka masana kunabwera abusa, akulu anzawo ndi amayi a chigwirizano. Tinaimba, tinapemphera, amuna anga n'kuyatsa. Poyamba zinali zibakera ndi mateche, abusa mpaka anaseka. Kenako chilombo chija chinagwetsa mkazi uja n'kuyamba kumung'ambira zovala. Zotsatirazo sindingazilembe. Amuna anga anathamangira pa deki, koma mabatani sankawadziwa, anadina lokweza mawu. Ndine ndinazula chingwe kukhoma.

Mayi wina ananyamuka akumanga chitenje. "Ba eluda, ndiye vinthu vamene mwatiitanila ivi?"

Mpingo unawaimitsa amuna anga paukulu. Pamlandu anawafunsa kuti munthu wamkulu angaitanire bwanji anthu tepi imene sanaione. Anafotokoza za pemphero lija, koma palibe anawakhulupirira. Anyamata a m'makomboni anayamba kugogoda pakhomo kufunsa za filimu ija. Tikanati tiziionetsa, tikanadya bwino ndithu. Koma amuna anga anaitentha tepiyo kuseri kwa nyumba, deki n'kuibwezera m'bokosi.

Lamulungu lililonse ankasitabe malaya awo oyera, n'kukafika oyamba kutchalitchi, kukakhala pabenchi yakumbuyo. Ankati tsiku lina adzawaitana kutsogolo. Anamwalira asanawaitane.

Mpingo ndinaukhululukira kalekale. Chimene chimandiwawa mpaka lero ndi m'mawa wa Loweruka lija. Amuna anga anapita kukabwereka mabenchi, ine ndinatsala ndekha m'nyumba, tepi ili patebulo. Ndinaigwira, ndinaitembenuza, kenako ndinaibwezera pamalo pake chifukwa chowalemekeza.