Ngongole Yosadikira Fodya

Ku Mchinji Boma, mukadutsa msika n'kutsetsereka ndi kamsewu kafumbi kolowera kudambo, pali nyumba ya malata obiriwira imene inadya zaka za a Kefasi Nakhumwa. Si nyumba yoti mungaime n'kuicheukira kawiri. Ili ndi zipinda zitatu, pabalaza ndi khonde. Koma kwa munthu amene anakhala theka la moyo wake m'zisakasa za eni, inali zonse.

A Kefasi anabwera kuno kuchokera ku Phalombe atangokwatira kumene, pa lole ya esiteti, pamodzi ndi akazi awo a Malita. Kwawoko minda inali itatha kugawidwa, moti anadzakhala matenanti pa esiteti ina ya fodya kufupi ndi Kachebere. Amene simunakhalepo tenanti tcherani khutu apa, chifukwa nkhani yonse yagona pamenepa. Tenanti sagula kanthu ndi ndalama. Chimanga cha mwezi amakatenga kwa kapitawo, kapitawo n'kulemba. Mchere, sopo, feteleza, khasu, ngakhale ndalama yothamangira ndi mwana kuchipatala, zonse n'zongolemba. Palibe amene amabwera pakhomo mu Januwale kudzalonjerera ngongole, poti aliyense akudziwa kuti ndalama ili m'munda, ikukula. Fodya akathyoledwa, akauma m'chigafa, akasankhidwa n'kudindidwa, bwana amawerengera zonse tsiku limodzi n'kudula zake. Amaba pa mtengo, amaba pa sikelo, zimenezo palibe sadziwa. Koma thumba limene unatenga mu Novembala limakhalabe thumba limodzi pofika mu Juni.

Umu ndi mmene a Kefasi anaidziwira ngongole, ndipo anaidziwa kwa zaka zoposa makumi awiri. Anali munthu wouma manja, wosalawa mowa, woti nsapato amavala popita kutchalitchi basi. Anzawo ankawaseka kuti ngakhale malovu amameza mowerengera. Chimene chinkawadya mumtima ankachidziwa okha ndi akazi awo. Mwana wawo wachiwiri atamwalira ndi malungo, anachita kukagwada kumudzi woyandikana ndi esiteti kupempha manda, ndipo anapatsidwa kumphepete kwenikweni, kumene amaika obwera. Kuyambira tsiku limenelo mawu akuti obwera ankawalasa ngati minga. Analumbira kuti sadzafera pamalo a mwini.

Anasunga pang'onopang'ono mpaka anachoka pa esiteti. Anayamba kubwereka minda m'dera la mfumu Zulu, analowa kalabu ya alimi, n'kumagulitsa fodya m'dzina lawo. Patapita zaka anagula puloti pa Boma, ya mapepala ake enieni. Njerwa anaumba okha ndi a Malita, anaotcha okha. Khoma linakwera kufika pamwamba pa mazenera, ndalama n'kuthera pomwepo. Linaima chomwecho dzinja loyamba ndi lachiwiri, mvula ikulinyambita, udzu ukumera m'zipinda.

A Malita anali ndi nzeru yawo. "Bambo a Stelia, tizigula malata awiriawiri fodya akagulidwa. Tafulumira chiyani? Tinadikira zaka zonsezi."

"Kudikirako ndiye kwandikwana," anatero a Kefasi. "Mukufuna ndidzalowe m'nyumba muno atandinyamula?"

Pa Boma panali patatsegulidwa ofesi ya bungwe lina lobwereketsa ndalama zomangira nyumba. A Kefasi anapita ndi mapepala a puloti komanso malisiti a kuokushoni. Anawalandira mnyamata wa tayi, a Mayeso, wolankhula mothamanga ngati akuopa kuti minibasi imusiya. Anati mapepala a puloti atsala kuofesi ngati chikole, ndalama ndi mamiliyoni anayi, kubweza kwake ndi mwezi ndi mwezi kwa zaka khumi, ndipo anatchula ndalama ya pamwezi.

"Mwezi ndi mwezi, mwamva bambo?"

"Ndamva, bwana. Zimenezo ndakulira momwemo."

Anamvadi, koma anamva za ku esiteti. M'mutu mwawo, mwezi ndi mwezi kunali kulemba. Kulipira ndiye ndi fodya, nanga mlimi angalipire ndi chiyani china? Mnyamatayo sanafunse kuti akulira muti, naye anali ndi chiwerengero cha anthu choti akwanitse mwezi umenewo. Anawalozera posaina, iwo n'kusaina.

Atafika kunyumba n'kufotokoza, a Malita anangogwira mawu amodzi. "Chikole? Ine chikole ndimadziwa cha ukwati, ndipo sindinaonepo chikubwerera kwa mwini wake." A Kefasi anaseka mpaka kutsokomola, n'kunena kuti amayi asiye za kumudzi.

Nyumba inatha mvula isanayambe. Tisawamane chimwemwe chawo, anasangalala anthu awa. A Malita ankakolopa simenti m'mawa ndi masana, ngakhale pasanaponde munthu. Stelia, mwana yekhayo amene anawatsalira, anakhala ndi chipinda chakechake chotseka ndi chitseko. Mvula yoyamba itagwa, a Kefasi anaima pabalaza n'kumangoyang'ana kudenga, kudikira podontha, koma sipanadonthe. Misozi ndi imene inatsika, ndipo sanaibise.

Foni inayamba kulira mwezi wotsatira. Anali a kuofesi, kukumbutsa za ndalama ya pamwezi.

"Fodya ali kunazale, mwanawe," anayankha a Kefasi mokoma mtima. "Lembani, ndikudziwa."

Inaliranso, iwo n'kunena kuti fodya wawokeredwa. Inaliranso, n'kunena kuti ali m'chigafa. Ankadabwa kuti ana ophunzira chotere sadziwa kalendala ya mlimi. Mu Julaye, ndalama za kuokushoni zitatuluka, anawonkhetsa ya miyezi yonse ya chaka, anaikapo ina pamwamba ya ulemu, n'kukaitula pa kauntala. Wolandira ndalama anawerenga, anadinda lisiti, n'kutchula za chindapusa cha kuchedwa. A Kefasi anagwedeza mutu. Bwana aliyense ali ndi pobera pake, anaganiza choncho, uyu sikelo alibe ndiye wapeza chindapusa. Anatuluka mtima uli m'malo.

Ndipo apa ndi pamene pamandipsetsa mtima. Palibe ndi mmodzi yemwe muofesimo amene anawakhazika pansi. Akanawakhazikiranji? Munthu wobwera chaka chilichonse ndi mpukutu wa ndalama, amene nyumba yake ili kale m'kabati mwanu, simumuthamangitsa. Mumamumwetulira.

Zaka zinayenda chomwecho. Kwacha inagwa mphamvu, bungwelo linakweza chiwongoladzanja, n'kutumiza uthenga wa Chingerezi pa foni umene a Kefasi anauyesa wa malonda. Kenako kunabwera chaka cha ng'amba, fodya anapsa m'munda, ndipo mabelo ochepa amene anapita kuokushoni anagulidwa pa mtengo wolira. Chaka chimenecho anapereka theka. A Mayeso anawauza kuti asadandaule, awachepetsera ya pamwezi n'kuwonjezera zaka kutsogolo. A Kefasi anaona ngati akumana ndi mngelo. Mawa lake anabwera ndi tambala pa njinga kudzathokoza.

Nyumbayo inkadya mwakachetechete. Stelia anakhoza bwino Folomu 4 ndipo anapeza malo kusukulu ya unamwino, koma ndalama ya fizi inakumana ndi Julaye wa ngongole. Bambo ake anamuuza kuti adikire chaka chimodzi. Chaka chimodzicho chinabala chinzake, mpaka mtsikanayo anatopa n'kukwatiwa ndi woyendetsa thiraki wa ku Chipata. Ngolo yawo ndi ng'ombe zake ziwiri zinagulitsidwa. A Malita anawapeza ndi matenda a shuga, ndipo mankhwala akasowa kuchipatala ankangokhala, osagula. Akadandaula, yankho linali limodzi: "Pirirani amayi, tatsala pang'ono."

Chaka chachisanu ndi chitatu fodya anachita bwino. A Kefasi atawonkhetsa malisiti awo onse anapeza kuti abweza kuwirikiza kawiri zimene anatenga. Kwa iwo nkhani inali yatha, ngakhale bwana wakuba chotani sangapitirire pamenepo. Anavala jekete ndi nsapato za kutchalitchi zija, anauza a Malita kuti aphe nkhuku, n'kupita kukatenga mapepala awo.

A Mayeso anali atasamutsidwira ku Lilongwe kalekale. Pampando pawo panali mtsikana wina dzina lake Natasha. Anayang'ana pa kompyuta nthawi yaitali, kenako anadzuka n'kutseka chitseko.

"Agogo, ndani anakuuzani kuti mwamaliza?"

"Palibe. Ndawerengera ndekha."

"Ngongole yanu panopa yaposa imene munatenga poyamba."

A Kefasi anaseka, kuyesa kuti mwanayo wasokoneza mayina. Natasha sanaseke. Anawafotokozera pang'onopang'ono, m'Chichewa chomveka, zimene anayenera kuuzidwa tsiku loyamba. Mwezi uliwonse umene sanalipire, pankalowa chindapusa. Chiwongoladzanja cha mwezi umenewo chinkaphatikizidwa ku ngongole, ndipo mwezi wotsatira nachonso chinkabala chake. Mpukutu wa mu Julaye ukafika, unkayamba wadyedwa ndi chindapusa, kenako chiwongoladzanja, ndipo pofika pa ngongole yeniyeniyo unali utatha. Zaka zimene anawonjezeredwa zija sizinali chifundo, zinali nthawi yoti ngongole iswane bwino.

"Mukutanthauza kuti thumba limene ndinatenga laswa?"

"Limaswa mwezi uliwonse, agogo. Ana akenso amaswa."

"Nanga fodya ali m'munda, ngongoleyo imakhala ikuyenda?"

"Siidziwa za fodya."

"Bwanji simunandiuze, anthu inu?"

Natasha anayang'ana pansi. "Ine ndabwera chaka chino. Koma zinalembedwa kuti mwezi ndi mwezi, ndipo munasaina."

Mawuwo a Kefasi anawamvadi ndi makutu awo tsiku lija, ndipo anavomera ndi pakamwa pawo. Sanakalipe. Manyazi ndi amene anawagwira, manyazi a munthu wamkulu amene wazindikira kuti ana akhala akumuonera kwa zaka zambiri. Kunyumba anapeza nkhuku itapsa kale, koma sanaidye.

Anayesa kulimbana nayo ngongoleyo. Anati tsopano azilipira pamwezi monga akufunira eni ake, koma mlimi mu Febuluwale ndalama aitenga kuti? Anayamba kugulitsa fodya asanakhwime kwa mavenda odutsa naye malire, pa mtengo wongotaya. Anatenga katapila kuti atseke mwezi umodzi, mwezi winawo n'kupeza ngongole zakhala ziwiri. Feteleza anachepa, fodya wa chaka chotsatira anatuluka wonyozeka, ndipo eni minda kwa Zulu anabwereketsa malo aja kwa ena. Makalata anabwera, kenako samani ya kukhoti, kenako anthu a galimoto yoyera amene anazungulira nyumba akujambula ndi foni osapereka n'moni womwe.

Nyumbayo anaigula a Chande, wamalonda a soya ndi mtedza pa Boma pomwepo. Sanali munthu woipa. Anagula chimene chinali pa malonda, ndipo anawapatsa mwezi wathunthu woti asamuke. Bungwe litachotsa zake, maloya atachotsa zawo, wakatapila atatenga zake, zimene zinatsala zinali zokwana thiransipoti ya ku Phalombe ndi thumba la chimanga.

A Malita anamanga katundu. Thupi linali litatha, miyendo yotupa, ndipo ankafuna kukakhala pafupi ndi ang'ono awo.

"Tiyeni tizipita, bambo a Stelia. Kwathu sangatikane."

"Ndi kwanu kumeneko, amayi. Ine ndikafike ndi imvi zangazi, manja lende, ndikapemphe pogona kwa alamu anga? Ndikawauze kuti zaka zonsezi ndimatani ku Mchinji?"

"Mukawauze zoona. Munalima."

"Pitani. Ndikapeza kanthu ndikupezani."

Onse awiri ankadziwa kuti kanthuko kulibe. Anawaperekeza pa depoti, anawakweza minibasi ya ku Lilongwe, ndipo a Malita sanayang'ane pazenera, anaphimba nkhope ndi chitenje.

A Chande ndi amene anawapeza a Kefasi atakhala pa khonde la sitolo ina, n'kuwamvera chisoni. Anati nyumba ija sakhalamo, aisandutsa mosungira katundu, ndipo akufuna mlonda wokhulupirika. Malipiro ndi ochepa, koma alipo mwezi uliwonse. A Kefasi anavomera.

Tsiku loyamba anafika dzuwa likadalipo, ali ndi chikhothi ndi chibonga. Anapeza lole itaima pabwalo, amuna akutsitsa matumba a soya n'kumawasanja m'chipinda chimene iwo ndi a Malita ankagona. Awiri ankakoka sikelo yachitsulo pabalaza, ikulira pa simenti.

"Nyamulani inu! Mukanda pansipo!" anakuwa a Kefasi asanaganize.

Amunawo anaima, anawayang'ana, anayang'ana a Chande, n'kupitiriza kukoka. Ntchito itatha, a Chande anakhoma loko wamkulu pachitseko, kiyi n'kuponya m'thumba la mkanjo wawo. Kenako anawatenga a Kefasi n'kuwazungulitsa khonde, kuwaonetsa malo a ntchito.

"Mvula ikamagwa muzikhala mbali iyi, madala. Amene anafolera anatulutsa malata bwino, mpemera sufika."

A Kefasi anayang'ana malatawo. Pomanga paja anakangana ndi mmisiri tsiku lathunthu kuti awatulutse chomwecho, kuti a Malita azisankhirapo mtedza nthawi ya dzinja.

"Zikomo, bwana," anatero, n'kuyala chikhothi chawo pansi.